Ndime Yachitatu

Inabadwira m'chigafa cha fodya ku Chamama,
osati mu situdiyo monga akunenera pa wailesi.
Ine ndinalipo.
Mkazi wanga Elufe ankasoka fodya,
zala zitada bii ndi phula la masamba,
patangotha masabata atatu chiikireni Msatida,
mwana amene anatitsikira pa kaliyala ya njinga
tisanaone n'komwe magetsi a chipatala cha pa boma.

Anayamba n'kung'ung'udza
ngati njuchi yotsekeredwa m'botolo.
Kenaka mawu: Munali maso, Ambuye, munali maso.
Sindinadziwe ngati akuthokoza kapena akuzenga mlandu.
Sindinafunse.
Ndinatuluka kukanola khasu lakuthwa kale.

Amayi a chigwirizano anaitola.
Mwana wa aphunzitsi anaijambula pa foni yong'aluka galasi,
ndiye inayenda yopanda tikiti,
Mtunthama, Santhe, mpaka Lilongwe,
kumene bambo wina wa tcheni m'khosi anati:
"Mayi, apa pali ndalama.
Koma mphindi zisanu ndi ziwiri zachuluka,
wailesi imafuna zinayi.
Ndime yachitatu ichoke.
Anthu savina dzina la mwana wakufa."
Anathiramo ng'oma za pakompyuta, malipenga,
ndi atsikana atatu ovomera ngati angelo okhuta.

Lero ili ponseponse.
Pa depoti ya Kasungu oitanira minibasi aisandutsa mluzu.
Ometa tsitsi amameta nayo,
akwatibwi amalowa nayo mu holo akuponda pang'onopang'ono,
ndalama za pelekanipelekani zikugwa ngati masamba a m'chilimwe.
Kampani ya mafoni inagula kolasi yake:
ukaimbira munthu amene ali nawe ngongole,
asanakudulire, umayamba wamva mkazi wanga.

Loweruka lapitali, kuseri kwa msika,
zidakwa zinazungulira mlonda amene anagona pa mpando
chibonga chili pamiyendo,
n'kumuimbira: Munali maso, achimwene, munali maso!
Ndinaseka nawo.
Mulungu andikhululukire, ndinaseka mpaka misozi,
ndipo misoziyo itayamba
inaiwala chimene inabwerera.

Musandimve molakwa, sindikudandaula.
Malata makumi atatu ndi awiri ali padenga.
Ngongole ya feteleza ku kalabu inatha tsiku limodzi.
Lekeleni ali ku sekondale yogonera komweko, ndi nsapato ziwiriziwiri.
Manda a Msatida tinawaka ndi simenti,
mbuzi sizikupondanso.
Akulu ampingo amene ankatiloza benchi yakumbuyo
tsopano amatisungira mpando wa khushoni,
ndipo ndatulukira kuti ndili ndi asuweni
ochuluka kuposa mizere ya m'munda mwanga.

Kumsika amanditchula "amuna awo a Munali Maso."
Dzina langa lenileni latsala pa chiphaso chogulitsira fodya.

Elufe sabata ino ali ku Mzuzu, yamawa ku Blantyre,
pa nsapato zazitali zimene zimamutupitsa akakolo.
Anamupatsa chikho chagalasi
chimene sungamwere madzi.
Usiku amaimba foni, mawu atasasa:
"Anthu analira, bambo a Lekeleni. Holo yonse."
Ndimati zikomo kwa Mulungu,
ndipo ndimanena zoona.
Koma mumtima ndimafunsa: analira yani?

Akabwera amatsikira pa siteji ya patali, kuthawa maso.
Amavula wigi, kuipachika pa msomali wa kalendala,
amamanga chitenje chakale chija chothothoka maluwa.
Sitiyankhula zambiri.
Mvula ikayamba kumenya malata athu atsopano,
phokoso likakwanira kuti oyandikana nafe asamve,
amatsamira khoma, kutseka maso,
n'kuyamba pamene wailesi imalekezera.

Mulibe lipenga mmenemo.
Muli njinga, muli matope a pa dambo,
muli kansapato kamodzi kamene tinakapeza m'mawa mwake.
Ine ndimavomera ndi mawu anga okhota.

Ndimeyo sindiilemba pano.
Ndi ndime yokhayo ya munda wathu
imene sitinakolole n'kupita nayo ku okushoni.