Mayina a Kumapeto

Anabwera ndi chiperoni cha mu Juni,
mayi wachikulire, chikwama chimodzi, chifuwa cha fodya.
Dzina lawo linatipinda lilime,
ife a pa Chitakale tinangoti a Yadi.
Kwawo ku Poland, ankatero, dzuwa limajomba miyezi inayi.

Ine ndinali ndi shedi ya kanema kuseri kwa msika:
mabenchi asanu, chinsalu chakuda pakhomo,
jenereta yotsokomola ngati iwo omwe.
Anakhala kutsogolo pakati pa ana,
mawondo kuchibwano.
Filimu itatha ana anakhamukira panja,
chala changa chili kale pa batani.
Usazimitse, anatero.
Tinatsala awiri mumdima
kuonerera mayina akukwera ngati nyerere pakhoma.

Ine kwathu ndi pamenepa, anatero,
pamene anthu atembenuka kale kufuna khomo.
Zaka makumi anayi ndikuika mawu m'kamwa mwa anthu okongola,
iwo kulira misozi yanga, maluwa n'kulandira okha.
Mafilimu asanu ndi awiri anatuluka.
Atatu akuluakulu anawakhomera m'kabati
chifukwa cha chiganizo chimodzi chokamba za mzere wa buledi.
Ina anaidula mchira,
wakufa n'kumudzutsa, ati anthu azipita kwawo akuseka.

Chomwe anadzera n'kudzalemba za mzungu wina wopeka
wosochera m'nkhungu ya pa Sapitwa.
Koma m'mawa uliwonse ankaima m'mphepete mwa munda wa tiyi
kumvetsera Esinala Makwinja
akukangana ndi kapitawo pa sikelo.
Chilomwe sankachimva, Chichewa n'chimodzimodzi.
Ankangolemba pomwe mayiyo wapumira,
pomwe wameza mawu
dengu likadali kumsana.
Mzungu uja anangomusiya m'phiri momwemo.

Anachoka zinanazi zisanapse.
Anandisiyira kope lachikuto chobiriwira,
theka lodzaza zilembo zokhala ndi timichira,
theka loyera.
Kaya filimuyo inajambulidwa, kaya,
kalata sinabwere.
Shedi ndinagulitsa kwa wometa,
ana a lero amaonera m'manja.

Koma usiku magetsi akatikumbukira
ndimatsegula pamene inki yawo inalekezera.
Ndalembapo kale:
Panja. M'mawa. Pa sikelo.
Esinala watula dengu, wapukuta manja m'chitenje.

Chimene anene sindinachipeze.
Mawa ndilawirira kumunda,
ndikaime pomwe ankaima a Yadi,
mame akandinyowetse buluku mpaka m'mawondo.