Pansi pa Mpeyala, pa Chitakale

Zelipa, mlongo wanga,
lero ndakhuthula chitini chija.
Zakwana malata awiri,
n'kutsalako ya mandasi ako.

Ukukumbuka chaka chomwe ndinkagona foni ili pachifuwa,
kudikira anyamata a kutsidya kwa nyanja,
osadziwa n'komwe dzina langa,
kuti andimenyere chigoli chomangira nyumba?
Ndinkati mwayi uli m'njira,
wangochedwa pa Luchenza.
Mwayiwo unadya mbuzi ya malemu amayi,
unadya fizi ya Gelesomu,
osalavula ngakhale kafupa.

Iwe sunandilalatire.
Unkangodzuka chiperoni chitameza phiri,
pulasitiki m'chiuno, dengu kumsana,
kukathyola tiyi mpaka zala kuchita dzanzi.
Sikelo ya kapitawo sidziwa maloto,
imadziwa masamba basi.

Lachisanu la malipiro
unaponya thumba pamapazi anga:
pampu, masipanala atatu, kabotolo ka guluu.
Unati, "Achimwene, minga ya mumsewu siphonya.
Betchani pa imeneyo."

Ndinakhala pansi pa mpeyala uno
manyazi ali m'khosi ngati mbatata youma.
Anzanga ankadutsa akuimba mluzu.
Chigamba changa choyamba chinamatuka pa mlatho,
mwini njinga anabwerera akukankha,
nanazi makumi atatu kumbuyo, thukuta kamukamu.
Lilime linafuna kunena kuti ndi tsoka.
Tsoka lanji? Ndine ndinathamangira,
guluu asanagwire.
Ndinapepesa, ndinamatanso ulele,
ndipo bamboyo mpaka lero sapita kwina.

Tsopano ndimamva mpweya wothawa m'chubu
ndisanachiviike m'beseni.
Zikhadabo zanga zinada, sopo anazilephera.
Masiku ena kumangobwera njinga ziwiri,
ina n'kukhala ya ngongole.

Komatu madzulo ukamatulukira pa mphambano,
nsapato m'manja, ukununkhira tsamba laliwisi,
n'kukhala pa ndowa yovundikira
kundilanda chinangwa chomwe ndawotcha,
timayambanso mlandu wathu wakale:
ndani anathyola mlongoti wa wailesi ya abambo?
(Ndiwe, Zelipa. Ndinakuona.)
Umaseka mpaka kutsamwa,
ine n'kukumenya pamsana,
Gelesomu ali apo ndi kope lake
akutiuza kuti tikumusokosera masamu.

Ena amati tinachita mwayi kukhala ogwirizana.
Sadziwa kuti sabata yatha tinakhala masiku awiri osalankhulana
chifukwa cha nandolo yemwe ndinaiwala padzuwa mvula n'kumupeza.
Chibale nachonso chimabooka,
chimafuna wochikhalira pansi,
kupala pobowoka, kupaka, kudikira chigwire.

Denga likudonthabe pakona pamene umagona.
Malata awiri sangafolere nyumba yonse, ndikudziwa.
Tiyambire pamwamba pa mutu wako.
Mawa udzandidzutse ukamapita,
ndikabwereke makwerero kwa a Namulanya,
misomali ndagula kale.