Chingwe cha ku Nchalo

Mwandiitana kuti ndikuuzeni za ntchito,
inu a makope atsopano ndi nsapato zosadziwa fumbi.
Digiri ndilibe. Ndili ndi chipsera ichi pachikhatho,
chimene waya anandisiyira chaka chija madzi anafika m'mawindo.

Tinayamba ndi dishi imodzi, yotambalala ngati lichero la chimphona,
kuseri kwa golosale ya Alufandika ku Nchalo.
Kuchokera pamenepo chingwe chakuda chinkakwawa
pamalata otentha, n'kudumpha khola la mbuzi,
n'kupumira mumtengo wa masau,
mpaka nyumba makumi anayi za odula nzimbe.

Ankanditcha bwana. Bwana wa chiyani?
Wa makwerero obwereka,
wa anyamata awiri, Fatchi ndi Zuze,
wa buku la ngongole lomwe chiswe chinadya chikuto chake.

Lembani izi, pakuti aphunzitsi anu sazidziwa:
wodula nzimbe amalandira mwezi ukatha,
usamugogodere pakati pa mwezi.
Mayi akati bambo kulibe
koma njinga ili tsamire pakhonde,
seka naye, umupatse sabata.
Magetsi akazima mpira uli pa penate,
usathawe. Ima pamsewu akutukwane,
atukwanenso amene anakubereka.
Mawa adzakupatsa moni.

Mu Okutobala chingwe chimafewa ngati phula,
akhwangwala amachijompha,
ndipo pali munthu mmodzi, nthawi zonse mmodzi,
amene amachiboola usiku kuti aonere ulere.
Umudziwa. Amayamba ndiye kudandaula chithunzi chikachita mchenga.

Tsiku lina ndinadula kwa Nyakhuwa,
miyezi itatu osalipira.
Pulayala inalira kamodzi, ine n'kutsika.
M'mawa mwake ndinamva kuti mwamuna wake
ali gone pamphasa chiyambire kukolola mapira,
ndipo bokosi lija ndilo linkacheza naye
anthu onse akatopa.
Ndinabwerera usiku, tochi ili kukamwa,
udzudzu ukundidya m'makutu,
ndinalumikiza.
M'buku ndinalemba kuti walipira,
ndalamayo inachoka pamalipiro anga.
Musanditsanzire.
Kapena nditsanzireni, kaya.

Lero aliyense ali ndi kadishi kake padenga,
inu kanema mwamuika m'thumba.
Chingwe changa ndinachiona dzana ku Sekeni,
akuyanikapo matewera.

Mtsikana wa kumbuyo uko wafunsa ngati ntchitoyi ili ndi tsogolo.
Waya amatha, mwanawe, ndipo dzina la ntchito lidzasintha kangapo
usanamere imvi.
Koma munthu wokhala m'chipinda chotentha,
thukuta lili kamukamu, maso pagalasi,
kudikira kuti dziko limupeze,
ameneyo ndamusiya komweko, akudikirabe.

Ndani mwa inu amaopa kukwera pamwamba?
Kwezani dzanja, musachite manyazi.
Zuze nayenso ankaopa.
Zaka zisanu ndi zinayi anagwira makwerero pansi,
ndipo palibe amene anagwa.