Faifi

Usiku wa ku Coimbatore ndi masana a ku Ohio.
Ine Thenmozhi ndimakhala pakati pake,
pansanjika yachinayi, tiyi atazizira m'kapu yachitsulo,
kusandutsa odwala kukhala manambala.

Fayilo yachisanu ndi chiwiri usiku uno:
bambo woyendetsa galimoto ya buledi,
chifuwa chachikulu, mwezi wachiwiri wa mankhwala.
Dokotala walemba mothamanga:
sakusiyanitsanso kufiira ndi kubiriwira.
Anaima pa roboti, anzake akuliza mahutala kumbuyo,
iye akudikira mtundu umene sunabwere.

Lamulo la ntchito yathu limati
yamba ndi chimene chavulala, chovulaza chibwere pambuyo.
Ndiye ndalemba mtsempha wa diso,
kenako T37.1, kenako X wongosunga malo,
kenako pamene chala changa chimazengereza masiku onse.

Wani ndiye kuti anamwa mopyola muyeso mosadziwa.
Thuu, anafuna kudzivulaza.
Sikisi, anamwa mopereweza,
kaya ndalama zinatha, kaya anangotopa.
Koma uyu anawerenga za pabotolo,
anamwa m'mawa uliwonse osadumphitsa,
mkazi wake akuchonga pakalendala ya kukhitchini.
Uyu ndi faifi.
Faifi ndiye kuti dokotala sanaphonye,
wopereka mankhwala sanaphonye,
wodwala anamvera zonse,
koma thupi linayankha zake.

Bambo anga ankanyika nsalu mu utoto ku Tiruppur.
Zikhato zawo sizinkayera ndi sopo aliyense,
mpunga ankaudya ndi zala zabuluu.
Chaka chimene anadwala chifuwa ndinali ndi zaka khumi ndi ziwiri,
ndipo wowerenga mapilisi ndinali ine,
pachivindikiro cha chitini cha mabisiketi,
chifukwa kusukulu masamu ndinkakhoza.

Tsiku lina mipukutu makumi awiri inabwezedwa.
Mwini wake anafuna kufiira kwa tsabola wakupsa,
iwo anatulutsa mtundu wa matope a m'ngalande,
nalumbira kuti ndi womwewo,
mpaka kapitawo Arumugam anawalozera chipata.
Amayi anati ndi mowa.
Azakhali anati ndi diso la anansi,
napachika ndimu ndi tsabola pakhomo.
Ine sindinanene kanthu.
Ndinkadziwa kuti penapake ndinawerenga molakwika,
kuti atatu ndinawayesa awiri m'mawa wina kusanache bwino.
Khadi lawo la kuchipatala linangoti: wachira.

Zaka khumi ndi zisanu ndinazisenza ndekha
mpaka sabata yachitatu ya maphunziro a ntchito ino,
mphunzitsi akujambula pabolodi, akuyasamula,
nati: faifi, mankhwala oyenera, omwedwa moyenera.
Ndinapempha kupita kuchimbudzi.
Ndinatsegula mpopi kuti ena asamve.

Selvaraj wadutsa kumbuyo kwanga ndi pepala lake:
makumi asanu ndi limodzi kusanache, Thenmozhi,
ndipo wotiyendera safuna kukayikira.
Ndadina faifi.
Chatsala chilembo chomaliza.
A ndi wa amene akulandirabe chithandizo,
D ndi wa amene wabweranso kudzaonedwa,
S ndi wa chimene chimatsalira matenda atapita.
Bambo wa buledi ndampatsa A.
Mwina amusiyitsa msanga, mwina mitundu ibwerera.
Sindidzadziwa. Mafayilo sabwera kudzatiuza.

Basi ya kampani imanditsitsa tambala atalira kale.
Ndimawapeza pakhonde, wailesi ili pamiyendo,
zikhato zawo zoyera ngati za mlembi.
Amagwira mpendero wa nsalu yanga,
kuupekesa pakati pa zala, kuununkhiza,
nati: utoto wotchipa uwu, usuluka ukachapa katatu.
Kenako, motsitsa mawu kuti amayi asamve:
ndi wamtundu wanji?

Ndimawauza.
T37.1X5S sindinawauzepo.
Ndinailemba ndi pensulo kuseri kwa khadi lakale lija,
pansi pa mawu oti wachira,
ndipo ndinaliika m'chitini momwe munali mapilisi.