Nsalu za a Zelifa ku Jeppe

Ku Jeppe, m'nyumba yosanja imene chikepe chake
chinafa chaka chimene ndinafika,
a Zelifa Chimbalanga amaomba nsalu ziwiri.
Ine ntchito yanga n'kudula ulusi
ndi kutseka mawindo.

Ulusiwo amaupota ndi fumbi lachikasu
la pa milu ya migodi, louluka mu Ogasiti,
lija lolowa m'mano.
Amati mzinda uno kunsi kwake n'kumphako,
anauchotsa matumbo kalekale,
n'chifukwa chake fumbi lake
silidziwa kumwamba ndi pansi.

Yoyerayo timaitcha mpepuko.
Ukakulunga nayo thumba la simenti
mwana amalinyamula ndi kachala.
Timaisunga titaitsindira ndi njerwa zinayi.
Tsiku lina ndinaiwala,
m'mawa tinaipeza itamata kudenga ngati mleme.

Yakudayo ilibe dzina.
Kulemera sikufa, amatero a Zelifa
singano ili pakamwa, kumangosamuka.
Chimene yoyera yachotsa, yakuda imalandira.
Ili pangodya apo, yopindapinda,
kukula kwake kampango kopukutira thukuta,
koma simenti pansi pake yachita ming'alu
ndipo makoswe amailambalala.

Amabwera otola zigubu, okoka matroli,
mapewa atasupuka.
Amabwera mayi wa ku Hillbrow wokweza madzi
mpaka nsanjika ya khumi ndi chisanu,
amene anangogula nkhata imodzi
n'kuseka mpaka kukhala pansi.

Twaibu anasoketsa jekete lathunthu.
Usiku umene anagogoda ofuna mapepala
anatulukira pawindo osamanga chingwe m'chiuno.
Ena akuti anamuona akudutsa pamwamba pa Ponte
nsapato imodzi ili m'manja.
Foni yake imaitanabe.
M'buku mwatsala marandi mazana atatu pa dzina lake,
a Zelifa safuna kufufuta.

Lachiwiri lapitali kunabwera a komiti ya maliro,
zipewa zili m'manja.
Lufeyo wagwa pomanga nyumba ku Sandton.
Dalaivala akuti ngolo yadzaza kale
ndi mafiriji, malata, matilesi a eni,
bokosi likathyola chitsulo pa msewu wa ku Tete.
Tinalikulunga.
Linadzuka mwakachetechete, myaa,
amuna anayi n'kumalikanikiza
ngati mbuzi yokana kumangidwa.

Pamenepo Dinesi, mkazi wake, anaimirira.
Vulani, anatero.
Munthuyu ankadya. Ankabowola mipando yanga.
Zaka khumi ndi chimodzi wasenza njerwa za mzinda uno.
Akakafika ku Ntcheu wopepuka ngati gaga
amayi ake akati mwabweretsa bokosi lopanda kanthu.
Tsitsani firiji imodzi.
Mapewa a abale ake akamve
kuti kuno kunali munthu.

Tinavula.
Bokosi linabwerera pansi, di,
ndipo m'pamene anthu anayamba kulira.

Usiku womwewo ndinapempha ulusi umodzi wakuda.
A Zelifa anandiyang'ana nthawi yaitali.
Anautola ndi pulayala, manja onse awiri,
nausokera mumpendero wa thalauza langa,
mwendo wakumanzere.
Sanalembe m'buku.

Tsopano ndimayenda mokoka mwendo mumsewu wa Jules.
Amatekisi amandiimbira hutala,
ena amayesa ndinavulala pantchito.
Sindidziwa kuti ndanyamula za yani:
mwina madzi a mayi uja,
mwina nthiti za Twaibu
zimene anasiya pothawa.

Koma dzulo kunagwa mvula yoyamba,
ndipo pamatope a kuseri kwa siteshoni ndinacheuka.
Chiolokereni pa Beitbridge
ndinali ndisanaonepo phazi langa
litadinda dothi la kuno.
Linalipo limodzi lokha, lakuya,
madzi akulowamo pang'onopang'ono.