Achoka pa 15

Uthenga unabwera Lachiwiri usiku
ndisanavule n'komwe nsapato zonyowa ndi chipale,
pakona ya kanema, m'kabokosi kachikasu:
Magemu awa achoka pa 15.
Ndinawerenga ndili chiimire. Analipo asanu ndi awiri.
Yachinayi pamndandandawo inali yathu.

Mwezi ndi mwezi banki imandidula mayuro khumi ndi asanu
osagogoda, osapereka moni,
lendi ya nyumba ya zipinda mazana anayi.
Muli chipinda cha mpira, cha nkhondo za m'mlengalenga,
cha magalimoto olimbirana fumbi m'chipululu,
china umangolima mbatata mpaka tulo,
china ndinasuzumiramo kamodzi n'kuthawa
nditaona mwana wopanda nkhope atakhala pamasitepe.
Koma ine Rauno, amene ndimayendetsa sitima ya mumsewu
kuno ku Tampere kuyambira mbandakucha,
zipinda zonsezo ndimangozidutsa
kukalowa m'chimodzi chakumapeto,
momwe muli mtsinje, doko ndi bwato loolotsa anthu.

Bwatolo silitheka munthu mmodzi.
Wina agwire chiwongolero, wina aponye chingwe.
Wachingwe ndi Saimi, wazaka khumi ndi zitatu,
amene amakhala ndi mayi ake ku Oulu,
kutali kumpoto, maola angapo pasitima.

Pafoni mwanayu ndi mwala.
Kusukulu? Bwino. Wadya? Eya. Kukuzizira? Pang'ono.
Koma m'mahedifoni, pakati pa mtsinje,
amakuwa: Adadi, kumanzere!
Kumanzere kwanu, osati kwanga!
Ndipo tsiku lina tikudikira nkhungu kuti ichoke
anangoti, ngati akuuza madzi,
Venla anasiya kukhala nane pa nkhomaliro.
Sindinkamuona nkhope.
Mwina n'chifukwa chake ananena.
Ndinagwira chiwongolero osasuntha chala
kuopa kuti mawu angathawe.

Bwatolo tinalipaka utoto wobiriwira
n'kulitcha Supuni, dzina losankha iye.
Maola makumi asanu ndi limodzi, makinawo akutero.
Taolotsa ng'ombe, piyano, mkwatibwi wochedwa,
tamiza katundu wa positi kawiri.

Ndiye achoke pa 15?
Ndinkadziwa kuti mlendo ndi mame,
koma ndinaiwala kuti m'nyumba muno mlendo ndine.

Pansi pa uthengawo panali batani:
Gulani ikhale yanu, mtengo watsitsidwa.
Ndinalembera Saimi ndili pa sitepe yomaliza ya Hervanta,
zitseko zili pululu, mphepo ikulowa.
Ndigule?
Yankho linafika ndisananyamuke:
Musataye ndalama. Pa 16 kukubwera ina,
yokwera phiri, anthu awiri pa chingwe chimodzi.
Kenako kankhope koseka.

Ndinakhala kaye chete, nyali yofiira itasanduka kale yobiriwira.
Ine ndinkayesa amakonda bwato.

Pa 14 tinaoloka komaliza.
Panalibe chachilendo: mlimi ndi nkhuku zake, mvula pang'ono.
Anamanga chingwe padoko, nati ali ndi homuweki,
mawu ake n'kuzima ngati nyali ya m'firiji.

Ndinagulabe. Sindinamuuze.
Supuni ili padoko mpaka lero, ikugundagunda matabwa,
bwato langalanga, lolipiridwa,
limene sindingathe kuliyendetsa ndekha.

Lero ndi pa 16.
Kunja kwada kale, nthawi isanakwane folo koloko.
Kamzere ka pakanema kakukwawa,
38 pa handiredi, 39,
phiri likutsika pang'onopang'ono kudzera mu waya wa pakhoma.
Khofi wazizira.
Mahedifoni akuthetheka, kenako kupuma kwake,
kenako kutafuna, sindikudziwa akudya chiyani.

Adadi, mulipo?
Ndilipo.
Ulendo uno mutsogole ndinu.
Mukagwa ndikugwirani,
koma chonde, muphunzire mabatani.