Dzina Langa Mulibe M'fayilo

Mlandu unali wa banki ndi Pelletier,
mwini munda wa tirigu kumpoto kwa Yorkton.
Ine sunkandikhudza.
Zanga zinali njuchi,
ming'oma makumi anayi ndi iwiri m'mphepete mwa mpanda wake,
pangano la pakamwa, zaka khumi ndi chimodzi,
lendi yake ndowa ziwiri za uchi pachaka.

Woweruza analemba mzere umodzi:
zonse zopezeka pamalopo zigulitsidwe.
Zonse.
Ndinamvera kwa mnyamata wodzakhoma loko pageti,
chipale chofewa chikumuthira m'khosi,
chigamulo atachikulunga m'pulasitiki kuti chisanyowe.

Ku Regina, pawindo lachitatu,
mayi Delorme anasanthula fayilo kawiri.
"Bambo Hrynkiw, dzina lanu mulibe muno.
Simunasumire, simunasumiridwe.
Apilo amachita ndi amene wagonja."
Ndinati: nanga ine ndapambana?

Sanaseke. Anavula magalasi.
"Kakhomo kalipo, koma n'kopapatiza.
Muyambe mwapempha chilolezo choti mupemphe.
Muonetse kuti chigamulochi chaluma mnofu wanu,
osati mwangomva chisoni ndi mnzanu.
Adzakufunsaninso kumene munali mlandu uli mkati."

Ndinali ku njuchi, mayi.
Ndinkafukiza utsi, ndinkasaka mfumukazi yothawa.
Palibe anandiitana.
Munthu angachedwe bwanji kumsonkhano umene sanaumve?

Amati mwana wosalira amafera mu mbereko,
koma kuno, usanalire,
ulembe kalata yofotokoza kuti ndiwe yani woti n'kulira,
makope atatu, sitampa pamwamba.

Usiku ndinakhuthulira patebulo bokosi la nsapato:
malisiti a shuga, a misomali, a penti yoyera,
chithunzi cha malemu Halyna atavala chisoti cha ukonde,
kope limene ankalembamo mng'oma uliwonse ndi dzina lake.
Wa nambala seveni anautcha Waukali.
Loya akuti kopelo ndi umboni.
Ine sindinayambe ndalitsegula chimwalirireni iye.

Masiku a apilo akutha ngati nkhuni za mu Januwale.
Loya wa banki wayankha kale:
ndine mlendo pamlanduwu,
ndikasume wanga wanga, ndiyambire pansi.
Podzafika pamenepo ming'oma idzakhala ili pa lole ya munthu wina.

Kuseri kwa loko, pansi pa nsalu zakuda,
njuchi zaunjikana, zikunjenjemera kuti zifunditsane.
Sizidziwa kuti zili m'ndime yachisanu ndi chinayi.

Lachinayi ndidzavala jekete la pa maliro lija,
ndidzakhala pa benchi ya kumbuyo.
Woweruza sadzagamula za mwini njuchi, ayi,
tsikulo silinafike.
Adzangoona ngati bambo wonunkha utsiyu
angaimirire
n'kutchula dzina lake.